Pasipoti yanga ikutha koma ndili pa belo, nditani abale?

Mnyamata_wa_Linthipe:
Moni nonse, ndithandizeni nzeru chonde. Ine geni yanga ndi yokaoda katundu ku Joni, mabulangete ndi nsapato, basi ndimakwerera pa boda ya Dedza pompano kudutsa ku Tete mpaka ku Beitbridge. Nde chaka chino ndinagula njinga yamoto kwa munthu wina, mapepala anandipatsa ooneka bwinobwino, kenako ndinangoona apolisi atulukira pakhomo akuti njingayo ndi yobedwa, basi kunditsegulira mlandu wolandira katundu wakuba. Ndinatuluka pa belo, anandiimira ndi malume anga ndi alamu anga, ndipo khoti linati pasipoti ndiipereke komanso ndizikasayina kupolisi. Mlandu sunathe mpaka pano chifukwa wogulitsa uja anathawa. Vuto ndi loti pasipotiyo ikutha miyezi ikubwerayi, mpamba ukungodyeka ndili khale, ana akufuna fizi. Kodi ku Immigration angandipangire ina mlandu usanathe? Anzanga ena pa depoti akuti ndingokatenga polisi lipoti ndinene kuti yakaleyo inatayika, kodi zimenezo zingatheke?

NaBanda_Bembeke:
Achimwene pepani ndi zomwe mukudutsamo, koma zomwe akukuuzani anzanu a pa depotizo musayerekeze ngakhale pang'ono. Pasipoti ili m'manja mwa khoti inu nkupita kupolisi kukalumbira kuti inatayika, umenewo ndi mlandu wina watsopano wonamiza boma, ndipo uwu wokha sangavutike nawo kupeza umboni chifukwa pepala lanu la belo lomwe likunena komwe kuli bukulo. Mlandu wa njingawo mutha kuwina bwinobwino ngati munagula osadziwa kuti ndi yakuba, nde musaonjezere wina umene mulibe nawo poyankhira.

Ine ndathandizapo anthu ambiri pa nkhani za belo, ndipo chomwe ambiri amasokoneza ndi ichi, kukhala ndi pasipoti ndi nkhani ina, kuloledwa kutuluka m'dziko ndi nkhani inanso. Malamulo aakulu a dziko lino pa gawo 42 amati munthu woganiziridwa mlandu ndi wosalakwa kufikira khoti litamupeza wolakwa, ndipo gawo 39 limapereka ufulu wotuluka m'dziko ndi kubwerera. Koma belo imabwera ndi mfundo zake, ndipo pamene munasayina paja munavomereza mfundozo. Yemwe anaika mfundo yoti mupereke pasipoti ndi majisitireti, ndiye yemwe angaifewetse ndi khoti basi, osati wapolisi amene mumakasayina kwa iye uja, osatinso wa Immigration. Mumalemba pempho loti khoti lisinthe mfundo za belo, mumafotokoza kuti bukulo likutha liti, mukufuna kulitenga kuti mukakonzetse, ndipo latsopanolo likatuluka mudzalibweza kukhoti komweko. Ngati mukufunanso kupita ku Joni munene poyera masiku onyamuka ndi obwerera, muonetse malisiti akale a katundu wanu ndi masitampa a pa boda kuti aone kuti ndinu wageni weniweni amene amapita nkubwerako. Woimira boma amapatsidwa mpata woyankha, atha kutsutsa, kenako majisitireti amagamula. Atha kulola zonse, atha kulola kukonzetsa kokha osalola ulendo, athanso kukana. Chomwe amayang'ana kwambiri nchoti kodi munthuyu adzabweranso kudzayankha mlandu, nde ngati simunajombepo kusayina ndi tsiku la khoti, zimenezo zikuyankhulirani.

Ngati ya loya palibe pitani ku Legal Aid Bureau, ntchito yawo ndi yothandiza anthu amene sangakwanitse kulipira loya, ku Lilongwe ofesi ilipo. Komanso ma paralegal, anthu othandiza pa zamalamulo koma si maloya, a bungwe la PASI amene amayenda m'makhoti ndi m'ndende atha kukulongosolerani kayendetsedwe kake.

Ngozo_wa_pa_Lizulu:
Zoona zimenezo amayi. Ine ndingoonjezera za anthu anakuimiraniwo chifukwa anyamata ambiri akafika pothina amaiwala zimenezi. Kuno kwathu mnyamata wina wa m'mudzi mwathu anali pa belo, anaona ngati mlandu ukuchedwa, basi anangowoloka mseu kulowa ku Mozambique, mukudziwa pa Lizulu pano malire ake ndi mseu wa M1 womwewu, palibe mpanda. Tsiku la khoti litakwana osaoneka, khoti linatulutsa chikalata chomumanga, ndipo bambo ake aang'ono amene anamuimira anaitanidwa kuti apereke ndalama anasayinira zija. Mdala uja anagulitsa mbatata ya kachewere isanakhwime nkomwe, ili m'munda, pamtengo wolira, ndinamuona ndi maso angawa akuwerenga ndalama pansi pa mtengo manja akunjenjemera. Mpaka lero mabanja awiriwo sayenderana. Nde achimwene malume anuwo ndi alamu anuwo muwauze chilichonse musanapange, ndipo tsiku lokapempha kukhoti apite nawo, majisitireti akaona okuimirani ali pompo akuvomereza zimathandiza.

Mnyamata_wa_Linthipe:
Zikomo kwambiri amayi NaBanda ndi a Ngozo, za polisi lipotizo ndazisiya. Kusayina sindinajombepo. Nanga khoti likalola, ku Immigration ndikatenge chani, komanso ndikawauze za mlanduwu?

Chisomo_Ntcheu:
Mukatenge chiphaso cha unzika cha NRB chija, pasipoti yakaleyo, komanso kope la chigamulo cha khoti chokhala ndi chidindo, musadalire zoti majisitireti ananena pakamwa, mupemphe kwa kalaliki wa khoti akupatseni cholembedwa. Chilichonse akakufunsani kapena cholembedwa pa fomu muyankhe zoona, ndi pepala la khoti m'manja mulibe chobisa. Kuchokera ku Linthipe ofesi yapafupi ndi ya ku Lilongwe. Mtengo wa pasipoti wamba boma linautsitsa mu 2024 kuchoka pa K90,000 kufika pa K50,000, paja chinali chaka chomwe makina opangira mapasipoti anasokonekera anthu nkudikira nthawi yaitali, koma mufunse mtengo wa panopa musananyamuke. Madobadoba akakuzungulirani panja kuti bwana tikuthamangitsireni musawapatse kanthu, makamaka inu amene muli ndi mlandu kale, ndalama mulipire pamalo ovomerezeka mutenge lisiti.

NaBanda_Bembeke:
Chinanso achimwene, musadikire tsiku la mlandu likubweralo kuti mukangonyamula mkono mkhoti, yambani kulemba pempholo sabata inoyi chifukwa woimira boma amayenera kulandira kope lake nthawi isanakwane. Ndipo pomwe mukudikira, ngati pali mnzanu wokhulupirika amene akupita ku Joni mwezi uno mutumeni akakuodereniko ngakhale mabulangete ochepa, nyengo yozizira ku Dedza kuno siichedwa kutha.