Chisoti chachifumu cha m'sewero chikukana kuyaka pamutu pa mwini wake

Wokonza zovala za masewero, Zingwangwa: Akuluakulu, ndibwerekeni nzeru. Tili ndi sewero la ufumu wa m'nthano, ndipo nkhani yonse yagona pa chisoti chachifumu chimene mizimu ya m'phiri inasula. Chili ndi nsonga 7, iliyonse ndi mwala wake, ndipo chimayaka pamutu pa mwini ufumu weniweni basi. Wolanda ufumu akachivala, chizikhala chozima. Chomwe tapanga ndi cha lata la ndowa, penti wagolide, ma LED (timababu ting'onoting'ono) 4 ofiira ndi 3 abuluu pa kabatire kamodzi kozungulira ngati ndalama ka CR2032. Mkati mwa lamba wa chisoti muli reed switch, kaswitchi ka m'kagalasi kamene kamalumikiza moto maginito akayandikira, ndipo maginitowo tasokera m'nduwira ya mfumu yeniyeniyo. Koma penti akufundula ngati njoka, abuluu sakuyaka n'komwe, switchi imagwira ikafuna, ndiye mnyamata wovala akuti chikumucheka pamphumi.

Wamagetsi, Limbe: Achemwali, za abuluuzo n'zosavuta. LED yofiira imayaka pa 2V, yabuluu imafuna 3V kapena kupitirira pang'ono. Mukazilumikiza pamodzi popanda resistor, kachipangizo kochepetsa moto, zofiira zimamwa moto wonse, volteji imatsikira pa mlingo wawo, abuluu n'kugona ndi njala. Komanso kabatire kameneko ndi kopatsira moto pang'onopang'ono, sikangakoke ma LED 7. Ikani mabatire a AAA atatu, apereka 4.5V. LED iliyonse ikhale ndi resistor yakeyake: yofiira 150 ohm, yabuluu 100 ohm. Zonse pamodzi zidya pafupifupi 110 mA, ndiye mabatire a alkaline atha sewero lonse ndi kutsalako.

Wokhoma ndowa, msika wa Ndirande: Penti wa mafuta ndi lata la galvanised sagwirizana, mayi. Zinki wa pamwamba pake amadyana ndi pentiyo, pansi n'kuchita ngati sopo, ndiye amasupuka yense. Mukafuna kupulumutsa chomwecho, palani penti yense, tsukani ndi thina, pukutani ndi viniga, chiume, kenako etch primer, penti woyambira wogwira pa chitsulo, musanapopere golide. Koma ine ndikadachitaya. Lata la ndowa n'lolemera, pamutu pa munthu si pamalo pake.

Wamagetsi, Limbe: Bambo a ku Ndirande mwalasa, ngakhale mwalasira mbali ina. Lata limenelo ndi lomwenso likusokoneza switchi. Mkati mwake ndi chitsulo, ndipo chitsulo chimakoka mphamvu ya maginito kuti idutse mwa icho m'malo mofika pa tiziwaya ta mu reed switch. N'chifukwa chake lero yagwira, mawa yakana. Aluminiyamu alibe khalidwe limenelo, maginito amadutsa ngati palibe kanthu.

Kalipentala wa pa siteji, Chilomoni: Bwanji osangoika kabatani m'manja mwa mfumu, waya n'kudutsa m'mkono wa malaya? Kapena chisoti chonse chikhale cha katoni wolimba.

Wokonza zovala za masewero, Zingwangwa: Waya sizingatheke achimwene, chisoti chimachoka pamutu wina kupita pamutu wina anthu akuona. Katoni ayinso, pali pomwe chimagwa pansi ndipo chiyenera kulira ngati chitsulo.

Wokhoma ndowa, msika wa Ndirande: Ndiye pitani kwa osindikiza, a ku Ginnery Corner kapena ku Limbe, mukapemphe mapuleti a aluminiyamu amene anatha ntchito. Ambiri amakhala a 0.3 mm, ndipo aluminiyamu amalemera gawo limodzi mwa magawo atatu a chitsulo cha muyeso womwewo. Amadulika ndi sizasi ya malata bwinobwino. Vuto lake ndi lofewa, ndiye lamba mupange mapepala awiri ophatikiza, nsonga zikhale pa pepala lakunja. M'mphepete monse pindani 5 mm ndi kukhoma pang'onopang'ono ndi hamala ya mtengo. Kupindako kumalimbitsa, komanso ndi kumene kumathetsa zocheka pamphumi. Nsonga iliyonse muimenyere kamzere pakati kuchokera kumbuyo, pa thabwa lofewa, iima chilili osapindika. Musataye nthawi ndi mtovu, wamba uja sugwira pa aluminiyamu. Boolani, mangani ndi ma rivet a 3.2 mm, a aluminiyamu omwe, atatu polumikiza kumbuyo. Penti njira ndi yomweyo: sandipepala wosalala, thina, etch primer, kenako golide wopopera kopyapyala katatu, osati kamodzi kochindikala. Akachindikala amayenderera, chisoti n'kuoneka ngati chalira.

Telala, Bangwe: Muyeso musalakwitse apa. Yezani mutu nduwira itavalidwa kale, ndipo tengani wa amene ali ndi mutu waukulu mwa ovala chisoti awiriwo. Siponji ya 5 mm mkati imadya pafupifupi 3 cm pa kuzungulira, anthu ambiri amaonjezera 1 cm yokha kenako chisoti n'kukhala pamwamba ngati chibalabala pa mtsuko. Tinene mutu ndi nduwira ndi 59 cm: onjezani 3 ya siponji ndi 2 yopitirizana pa ma rivet, dulani 64. Siponjiyo muikute ndi nsalu yakuda ya thonje, imamwa thukuta. Nsaluyo muimange ndi velcro kuti izichoka pochapa ndi posintha mabatire.

Wamagetsi, Limbe: Pa siponjipo, dulani kampata pomwe pakhale switchi, ikhale pafupi ndi mutu, osapitirira 1 cm kuchokera pa maginito. Ikani pamwamba pa khutu, mabatire kumbuyo, chifukwa zikopa za mabatire ndi zachitsulo. Chinanso chimene chimapusitsa ambiri: maginito ozungulira ngati ndalama akayang'ana pakati penipeni pa reed switch, switchi sigwira. Asunthireni chakumapeto kwa kagalasiko. Yesani ndi mita yoyezera magetsi kaye, pezani pomwe ikugwira, chongani, ndiye telala asoke. Miyendo ya switchiyo musapindire pafupi ndi galasi, limasweka msanga. Gwirani ndi pulayala pakati. Ndipo aluminiyamu ngakhale sagwira maginito, moto amadutsa, choncho polumikiza paliponse valikani heat shrink, kapaipi ka pulasitiki kamene kamathina kakatenthedwa, apo ayi zishota pa chisoti chomwecho.

Wokonza zovala za masewero, Zingwangwa: Nanga akachivala chopotoka, maginito sangaphonye?

Telala, Bangwe: Sokani atatu motsatana, otalikirana chala chimodzi, onse ayang'ane mbali imodzi. Nsonga yakutsogolo ikhale yaitali kuposa zinzake, womuveka adziwa poyang'anitsa ndi mphuno.

Kalipentala wa pa siteji, Chilomoni: Magetsi a pa siteji amameza ma LED, omwe akhala kumbuyo kwa holo saona kanthu. Palani mutu wa LED ndi sandipepala, muubise kuseri kwa mkanda waukulu wa pulasitiki woonekera, kuti kuwala kudzaze mwala wonse. Uzaninso woyatsa magetsi atsitse pomwe chisoti chikutera pamutu, awerenge mpaka 3, kenako akweze.