Kodi maluwa a sweet alyssum angakule bwino ku Mchinji nthawi ya dzinja?

Mayi a ku Kamwendo

Ndikupempha nzeru kwa amene amadziwa za maluwa. Mwana wanga amene amagwira ntchito ku Lilongwe anandibweretsera paketi ya njere za sweet alyssum, maluwa ang'onoang'ono oyera aja amene amayala pansi ndipo amanunkhira uchi. Theka la njerezo ndinafesa mu Januwale m'mbali mwa khonde, pa dothi lothira manyowa a m'khola. Zinamera zochepa, ndipo zomerazo zinayamba kuwonda patsinde pafupi ndi dothi n'kumagwa chimodzichimodzi mpaka zonse zinatha. Kodi vuto ndi njere, dothi, kapena duwali siliyanjana ndi nyengo ya kuno? Ndikufunanso kudziwa ngati lingachulukitsidwe podula nthambi, chifukwa njere zanditsalira zochepa.

Mphunzitsi wopuma, Mtunthama

Mayi, njere zanu zilibe mlandu, vuto lagona pa mwezi umene munafesa. Duwali, lomwe akatswiri a zomera amalitcha Lobularia maritima, kwawo ndi m'mphepete mwa nyanja ya Mediterranean, kumene limamera pa mchenga ndi m'miyala, ndipo mvula ya kumeneko imagwa nthawi yozizira pomwe nthawi yotentha kumakhala gwa. Kuno ndi zosiyana, pakuti kutentha ndi mvula zimabwerera limodzi kuyambira Disembala mpaka Malichi. Dothi likamakhala lonyowa usana ndi usiku uku kukutentha, nkhungu ya m'dothi imagwira mbande patsinde n'kuiwoletsa, ndipo ndi chimenecho munaona. Amene anafesapo tomato kapena kabichi mvula ili mkati amalidziwa bwino vutoli. Kudontha kwa madzi a padenga m'mbali mwa khonde kuyenera kuti kunawonjezera chinyontho pamalopo.

Langizo langa ndi lakuti njere zotsalazo muzisunge pouma mpaka kumapeto kwa Epulo kapena mu Meyi, mvula itakata. Mchinji ndi Kasungu ndi malo okwera, oposa mamita 1,000 kuchokera pa nyanja yamchere, choncho chisanu cha Juni ndi Julaye chimalipatsa duwali nyengo yomwe limaikonda. Likafesedwa nthawi imeneyo limamera pakadutsa sabata imodzi kapena awiri, ndipo limayamba kuchita maluwa pakatha masabata 6 mpaka 8. Mudzasangalala nalo mpaka Seputembala, koma dzuwa la Okutobala likafika maluwa adzachepa, makamaka ngati lili pamtetete. Malo abwino ndi amene dzuwa limawomba m'mawa koma masana pamagwa mthunzi. Manyowa musachulukitse, chifukwa likadya kwambiri limangobiriwira masamba osachita maluwa ambiri.

Mlimi wa ku Santhe

Aphunzitsi anena zoona pa za nyengo, koma ine ndikukayikiranso kafesedwe, popeza mayi anena kuti zinamera zochepa. Njere za duwali zimafuna kuwala kuti zimere, motero siziyenera kukwiriridwa. Ife a fodya sitivutika kumvetsa zimenezi, chifukwa njere ya fodya nayonso sitiikwirira pa nazale. Konzani bedi lokwera, muphwanye zibuma zonse, ndipo ngati dothi lanu ndi lamakande musakanize ndi mchenga wa kumtsinje kuti madzi azilowa msanga. Njerezo muzisakanize ndi mchenga wouma wodzaza dzanja, muwaze mopepuka pamwamba pa bedi, kenako mupsinje pang'ono ndi chikhatho kuti zigwirane ndi dothi. Pothirira gwiritsani ntchito keni ya timabowo ting'onoting'ono, chifukwa madzi a m'chidebe amakokolola njere n'kuziunjika pamalo amodzi, ndipo mbande zothinana ndi zimene zimayamba kuwola.

Ngati muphimbira ndi udzu, ukhale wopyapyala woti dothi lizioneka, ndipo muuchotse zikangomera. Thirirani m'mawa kuti pofika madzulo masamba akhale atauma. Zikatulutsa masamba anayi mupatulire, musiye mpata wa masentimita 15 mpaka 20 pakati pa chomera ndi chinzake, pakuti ngakhale sizitalika kwenikweni zimatambalala ndipo zimafuna mphepo idutse pakati pake. Zozulazo mungathe kuwokera pena madzulo, bola muzule ndi dothi lake.

Mayi a ku Kamwendo

Zikomo kwambiri, bambo. Khonde langa layang'ana kum'mawa, ndiye ndidzangosuntha bedi kuti lichoke pamene pamadonthera madzi. Nanga za kudula nthambi zija?

Wogulitsa mbande za maluwa, Kasungu boma

Nthambi zimatheka, mayi, koma pa mtundu umene muli nawowo ndi kudzivutitsa chabe. Mitundu ya m'mapaketi, monga Carpet of Snow, imabereka njere zambiri ndipo imadzifesa yokha. Maluwa akayoyoka pamatsala timakoko tozungulira topyapyala, ndipo tikasanduka tofiirira muzidula nthambizo n'kuzigwedezera m'thumba la pepala, osati la pulasitiki, n'kusunga pouma mpaka chaka chamawa. Pali mitundu ina yatsopano, monga Snow Princess, imene imapirira kutentha kuposa yakaleyi koma siyibereka njere, ndipo imeneyo ndiyo imachulukitsidwa podula nthambi basi. Amadula kansonga kotalika ngati chala, kuchotsa maluwa ndi masamba a m'munsi, n'kuzika mu mchenga wachinyezi pamthunzi mpaka katatulutsa mizu.

Chimene ambiri amaopa ndi kumeta. Maluwa oyamba akayamba kutha ndipo chomera chikuoneka chosasamalika, chimeteni ndi sizasi mpaka theka la msinkhu wake n'kuthirira, ndipo pakapita masabata ochepa chidzaphukira n'kuchitanso maluwa. Amene akufuna kudutsa nalo dzinja alibzale m'chitini kapena m'chigubu choboola pansi, n'kuliika pakhonde pomwe mvula sifika.

Ndiwonjezere za kudimba, popeza ena amalibzala pakati pa ndiwo zamasamba. Ndi zoona kuti limaitana njuchi komanso tintchentche tooneka ngati mavu ang'ono, tomwe mphutsi zake zimadya nsabwe za m'masamba, ndipo alimi a letesi ku California amalibzala m'minda yawo pa chifukwa chimenechi. Koma duwali ndi pachibale ndi kabichi, repu ndi mpiru, motero zilombo zake n'zimodzi. Kachilombo kamene kamalikonda kwambiri ndi bagrada, ka mtundu wa nunkhadala, kakuda ka mawanga oyera ndi ofiirira, komwe kamachuluka nthawi yotentha ndi youma n'kumayamwa masamba mpaka kuchita zipsera zoyera. Pa chifukwa ichi ine sindililola pafupi ndi nazale ya repu. M'mbali mwa tomato kapena letesi ndi m'mene ndimalibzala, ndipo kuyambira Ogasiti ndimayang'ana pamasamba ndi pansi pa chomera dzuwa likatentha, nthawi imene tizilomboti timatuluka.