Ndege yankhondo yopanda payiloti imazemba bwanji radar?

Wa ku Chinamwali: Akuluakulu, dzulo tinatsutsana pa bawo mpaka mdima, akuti pali ndege yankhondo yopanda payiloti yomwe radar imavutika kuiona, zoona zimenezi?

Wa ku Matawale: Zoona achimwene. Ndege ya X-47B ya kampani ya ku America ya Northrop Grumman inatera yokha pa sitima yapamadzi yonyamula ndege zankhondo ya USS George H.W. Bush mu 2013, mu 2015 inamwanso mafuta ili m'mwamba momwemo.

Wa ku Sadzi: Nkhani yagona pa kapangidwe, ilibe mchira, ndi mapiko okhaokha ngati mleme ndiye mafunde a radar akaiwomba amanjanjira kumbali osabwerera komwe achokera, malo a mabombanso ali m'mimba osati panja.

Wa ku Chinamwali: Ndiye itha kudutsa pa phiri la Zomba ife osadziwa?

Wa ku Matawale: Ayi aise, injini yake ndi ya jeti, ikatsika phokoso mulimva ndithu.