"M'mimba ndi m'chipala": kodi chipalacho n'chiyani?

Akuluakulu, ndithandizeni. Mwambi uwu ankaunena agogo anga aakazi mwana wa pakhomo laulemu akagwidwa ataba. Ndinkaumva kuti ana a mimba imodzi safanana mtima, koma mawu akuti chipala sindinawafunsepo.

Yandikumbutsa mwambiwu ndi filimu ya 1977 ya David Lynch, wopanga mafilimu wa ku America, yotchedwa Eraserhead, imene imayenda ngati maloto oipa. Mtsikana wina, Mary, wabereka kanthu kosaoneka ngati munthu, kokulungidwa m'mabandeji, kolira usiku wonse, mpaka iye kubwerera kwa makolo ake n'kumusiyira Henry, bambo wa kanthuko. Koyambirira kuli bambo wazipsera ali pawindo, akukoka zitsulo ngati woyendetsa makina. Kumapeto, Henry atadula mabandeji aja ndi sizasi, zitsulozo zikuthetheka moto. Mtima unangoti phwii: chipala cha agogo si chimenechi? Mulinso mkazi wa masaya otupa amene akupondaponda tinthu tonga nyongolotsi tikugwa kuchokera kumwamba. Ena amati pamenepa akunena zochotsa mimba, koma Lynch anamwalira mu 2025 akukanabe kumasulira filimuyi.

Ndiye chipala ndi posulira zitsulo, kapena ndi phulusa lotentha lija timati chipala cha moto?

Yankho loyamba:
Mwanangu, pamwambipa ndi posulira. Ndinakula ndikuona amalume akupopa mvukuto wa chikopa cha mbuzi, makala ali psuu. Pamoto umodzimodziwo pamatuluka khasu lolimira, pamatulukanso mkondo. Makolo ankanena mwambiwu pofuna kuti mayi asalozedwe chala mwana akapulukira kapena akabadwa wolumala. Unali mwambi wachifundo.

Yankho lachiwiri:
Bambo, za chifundozo ndikuvomera, koma ine monga mayi pali pamene pamandiwawa. Chipala sichisankha chosulidwa, sichikananso moto. Mwambiwu umandichotsera mlandu, inde, koma umandilandanso mawu. Ndinapita padera kamodzi, mimba ya miyezi inayi, ndipo onse ankafunsa za mwana, palibe anafunsa za ine. Mawu amene amandikhudza ndi akuti "ali ndi pakati". Anamwino ena amati ndi pakati pa moyo ndi imfa, ndipo amene waima pakatipo ndi mkaziyo.

Wofunsa:
Pepani kwambiri mayi, ndipo zikomo potiuza. Bambo, ndibwererenso kwa inu: ngati mimba ndi chipala, makolo ankati wogwira nyundo ndi ndani? Ndi Chauta, mizimu, kapena mwamuna?