Thandizeni, FL Studio yanga ikukana kutsegula nyimbo

Wofunsa: Akuluakulu, ndapanikizika. Ndili ndi kasitudiyo ku Kapata, chipinda chimodzi, ndipo eni nyumba akwezanso lendi pomwe denga likudonthera pa sipika. Kwaya ina ya ku Katete inalipira theka, ikufuna nyimbo Loweruka, moti amayi apampando amandiimbira foni mpaka usiku. Mnzanga wa ku Lusaka wanditumizira fayilo ya zoimbira koma FL Studio yanga, pulogalamu yopangira nyimbo pa kompyuta, sikuitsegula. Laputopuyo ndinagula kwa alamu anga, chaja yake mpaka lero akungoti mawa. Nditani?

Wa ku Petauke: FL iti, bwana? 11, 12 kapena 20? Ikakana ikulemba chiyani?

Mdala wa Cubase: FL ndi yoseweretsa ana! Ine ndili pa pulogalamu ina, Cubase 5 ya 2009, ndi Windows 7, makwaya akubwerabe. Nyimbo ndi khutu.

Wa ku Mchini: A mdala, Windows 7 anasiya kuisamalira mu Januwale 2020.

Mdala wa Cubase: Yanga sigwira intaneti. Kachilombo kalowera pati?

Wa ku Mchini: Pa fulashi za makasitomala anu.

Mayi wa kwaya: Koma inu opanga nyimbo mantha mulibe. Ife wina anatidyera ndalama ya chimbale chonse, akuti magetsi anazima zonse n'kufufutika. Bwezani za eni ngati zakukanikani.

Mdala wa Cubase: Amayi, ameneyo anali wa FL, ndikulumbira. Ndipo musandiuze zosamukira ku Cubase yatsopano. Kuyambira Cubase 9 ma plugin (zoimbira zowonjezera mu pulogalamu) akale a 32-bit salowanso, ndiye piyano yanga ya mtundu umenewo ndiitaye?

Wa ku Lundazi: Fayilo yosungidwa mu FL yatsopano kawirikawiri imavuta mu yakale. Muuzeni mnzanuyo atulutse chida chilichonse pachokha ngati fayilo ya mawu ya WAV, akuuzeninso tempo, liwiro la nyimboyo. Zimenezo zimalowa paliponse, ngakhale kwa a mdalawa. Komanso ngati munagula, kampani yopanga FL ya Image-Line imapereka zatsopano zonse ulere moyo wonse.

Wa ku Mchini: "Ngati munagula." Kikiki, onani gulu lonse lati zii.

Wa ku Petauke: Ndikufunsabe, FL iti?

Wofunsa: Ija ya chizindikiro cha chipatso.

Wa ku Petauke: Zonse zili ndi chipatso, bwana.

Mdala wa Cubase: Mwaona? Bwera nayo kwaya kuno, mwana wanga, Lachisanu izitenga nyimbo zake.