Ndinamanga popanda pulani ku Nchalo, kodi khonsolo ingandipatse satifiketi?

Akuluakulu ndithandizeni nzeru. A admin, chonde ndibiseni dzina.

Ndine mayi wamasiye, ndimakhala ku Nchalo. Mu Januwale 2022 namondwe wa Ana anatigwetsera nyumba ya zidina, tinagona m'kalasi masabata angapo. Madzi ataphwa ndinatenga ndalama zimene malemu bambo a ana anga anasiya, n'kumanga ya njerwa: mashopu awiri kutsogolo, zipinda zitatu kumbuyo. Malowo tinagula kale, kalata ya amfumu ilipo, ya chidindo. Pulani anajambula mmisiri yemweyo papepala la m'kope. Kukhonsolo sindinapondeko, sindinganame. Mutu wanga unali pa denga la ana basi.

Tsopano pabwera anthu ofuna kuchita lendi shopu imodzi kuti atsegule famase. Akuti popanda pulani yovomerezeka ndi satifiketi yoti nyumbayo ndi yoyenera kulowamo anthu, sasayina. Lendi imeneyi ndiyo fizi ya mwana wanga wa Fomu 3.

Kodi nyumba yomangamanga kale angaivomereze? Ndikakadziulula sadzabwera kudzagwetsa? China, chichokereni namondwe wa Freddy mu 2023, khoma lakumbuyo lili ndi mng'alu woyambira pawindo mpaka pansi, chala chaching'ono chimalowa. Pali mnyamata wina akuti ndimupatse ndalama, pepalalo abweretsa pakatha masiku atatu.

Bambo a Tadala: Mayi, mnyamatayo musamupatse ngakhale kobiri. Satifiketi imatuluka anthu atabwera kudzaona nyumba ndi maso. Pepala lobwera lokha lidzakutsekeretsani famaseyo.

Che Nyakwawa wa ku Ngabu: Kwathu kuno mwini nthaka ndi mfumu. Kalata muli nayo, khonsolo ikufunanso chiyani? Izi ndi za ku Blantyre.

Agogo Opuma Ntchito: Ayi achimwene, zimenezo zinali kale. Lamulo la Physical Planning la 2016 linati Malawi yense ndi dera loyenera mapulani, mizinda yokha ayi. Kalata ya amfumu ikunena kuti malo ndi a ndani. Zoti pamalopo pamangidwe chiyani, ndi za khonsolo. Mayi, inu muli pansi pa khonsolo ya Chikwawa, pitani nokha kuboma mukafunse ofesi yoona za mapulani. Pezani wojambula wovomerezeka ayeze nyumbayo mmene ilili, amati as-built. Mupereke pamodzi ndi mapepala a malo, mulipire, ndipo konzekerani kuti mwina padzakhala chindapusa chomangira popanda chilolezo. Ndalama iliyonse muziipereka kwa kashiya, risiti m'manja. Akatero amabwera oyendera, a zaumoyo nawonso amaona chimbudzi ndi mawindo. Ndikufunseni chimodzi: nyumbayo yatalikira bwanji ndi msewu wa M1? Malo a msewuwo ndi mamita 30 mbali iliyonse kuchokera pakati. Zogwetsa zambiri zimachokera pamenepo, ndipo ngati mwalowamo, khonsolo singakupulumutseni, malowo ndi a Roads Authority.

Mmisiri wa pa Dyeratu: Ine nkhawa yanga ndi mng'aluwo. Dothi lathu la makande limafufuma ikagwa mvula, dzuwa la Okutobala likawomba limang'ambika, fandeshoni yosazama imayenda nalo. Musangomata pulasitala kuti oyendera asaone. Matani simenti pang'ono pamng'alupo, mulembe tsiku. Ikasweka pakatha milungu ingapo, khomalo likuyendabe, pakufunika injiniya. Kodi ring beam, lamba wa konkire uja womanga makoma onse pamwamba, anaika?

Nachisale wa ku Bangula: Mufunsenso ngati dera lanulo silili m'gulu la malo osefukira madzi. Kuno ena anauzidwa kuti asamukire kumtunda, pamalo otero chilolezo chimavuta.

Wofunsa: Zikomo nonse. Agogo, ndatuma mwana ndi chingwe, wapeza mamita 52 kuchokera pamzere wapakati, mtima wakhalako pansi. Bambo a pa Dyeratu, ring beam anaika kutsogolo kokha, simenti inatithera. Madzi a Freddy anafika m'mawondo, mzere wa matope ukuonekabe kuseri kwa kabati. Lolemba ndikwera minibasi yoyamba kupita kuboma. Alipo amene akudziwa wojambula mapulani wovomerezeka kuno kuchigwa, kapena mpaka ndikwere Thabwa kukamufuna ku Blantyre?