Dzina lakuti Kourosh limatanthauza chani? Mayi andipanikiza

NaPhiri_waKuDedza:
Abale ndithandizeni kuno zandivuta. Mng'ono wanga amakhala ku Manchester, anakwatiwa ndi bambo wa ku Iran kwawo ku Shiraz, nde sabata yathayi Mulungu wawadalitsa ndi mwana wamwamuna. Dzina amupatsa lakuti Kourosh. Ife tonse chimwemwe chokhachokha koma mayi atamva dzinalo pa foni anangoti duu kaye, kenako akuti "ati chani, Akolose? mwana kumutcha kalata ya Paulo?" kkkk tinaseka koma iwo sanaseke. Chomwe akufuna ndi tanthauzo basi. Mukudziwa makolo athu, dzina lizinena kanthu, Limbani, Chikondi, Mavuto, umangomva nkudziwiratu zomwe zinali pakhomopo nthawi imeneyo. Ndinawafunsa alamu angawo pa vidiyo kolo anangoti ndi dzina la mfumu yayikulu ya kwawo, ndikati eya koma likutanthauza chani iwo akubwereza zomwezo za mfumu, kuchita kuoneka kunyada nkhope yonse. Nde mayi akuti kapena ndi dzina la Chiarabu la Chisilamu akutibisira, chifukwa iwo ndi a Mvano enieni. Alipo akulidziwa dzinali? Komanso amalitchula bwanji kuti tisamachite manyazi

Bro_Gift265:
Ndasaka pa intaneti pompano akuti limatanthauza dzuwa. Auzeni mayi kuti mdzukulu wawo ndi Dzuwa basi nkhani yatha, asavutike mtima

Mkulu_waMpingo_Nkhoma:
Mayi NaPhiri, choyamba mafuno abwino pa mphatso ya mwana. Dzina limeneli mayi anu ali nalo kale m'nyumba mwawo, angotsegula Buku Lopatulika. Kourosh ndi Koresi. Koresi mfumu ya Perisiya yemwe uja, dziko lomwe pano ndi Iran. Mabaibulo ena analemba kuti Kirusi, Azungu amati Cyrus, Ayuda amati Koresh, koma munthu ndi mmodzi. Awerenge Ezara chaputala 1 kuyambira vesi 1, ndi pamene mfumuyi ikulengeza kuti Ayuda omwe anatengedwa ukapolo ku Babulo abwerere kwawo akamange kachisi ku Yerusalemu, mpaka inabweza ziwiya za m'kachisi zomwe Nebukadinezara analanda. Akatero apite pa Yesaya 44 vesi 28, Mulungu akumutchula kuti mbusa wanga, ndipo pa 45 vesi 1 akumutchula wodzozedwa wake. Apa ndi pomwe ine ndimadabwa nthawi zonse ndikamaphunzitsa kalasi, chifukwa munthuyu sanali Myuda, ndipo m'chaputala chomwecho Mulungu akunena yekha kuti iwe sunandidziwe, koma mawu aja akuti wodzozedwa omwe amanenera mafumu ngati Davide akuperekedwa kwa mlendo. Mayi a Mvano akawerenga pamenepo mtima ukhala pansi, ndikulonjezani.

Chidzukulu_chaHistory:
Bro Gift pepani koma za dzuwazo tisathamange nazo. Si inu mwayamba, nkhani imeneyi ndi yakalekale, anailemba ndi Agiriki monga Plutarch amene anati Aperisiya dzuwa amalitcha Cyrus. Ndipo mpaka lero mu Chiperisiya dzuwa ndi khorshid nde munthu ukamva khor ndi Kourosh umangoti eya ndi zomwezo. Koma akatswiri a zilankhulo ambiri amakana, akuti kh uja wa kukhosi ndi k wamba ndi malembo awiri osiyana ndipo mawuwo sachokera pa muzu umodzi, angofanana kamvekedwe. Zili ngati mlendo amve mtengo wa m'nkhalango ndi mtengo wa pa msika nkuyamba kufotokoza kuti Amalawi kale ankagula zinthu ndi nkhuni.

Dzinali pa miyala yakale linalembedwa kuti Kurush. Pamenepa mpomwe mkangano ulili. Ena amati limatanthauza wamng'ono kapena mwana. Ena amati ndi munthu wochititsa manyazi mdani pa mtsutso wa pakamwa, wopambana pa mlandu titero. Ena amaliyanjanitsa ndi dzina la Kuru la ku India. Ndipo pali gulu lina lomwe limati si la Chiperisiya nkomwe koma la Chielamu, chilankhulo cha mtundu wina wakale wa m'dera lomwelo, Kurash, poti mfumuyi inayambira kulamulira ku Anshan womwe unali mzinda wa Aelamu, nde amalimasulira ngati wosamalira kapena woteteza anthu. Strabo, Mgiriki winanso, naye analemba zake, kuti mfumuyi inatenga dzinali ku mtsinje. Mwaona kuchuluka kwake. Nchifukwa chake alamu anu a NaPhiri sanakuyankheni mwachindunji, sikuti akubisa ayi, kwa iwo tanthauzo la dzinali ndi munthuyo. Kusiyana ndi dzina ngati Dariush, Dariyo wa m'Baibulo, limene lija limamasulika bwinobwino kuti wogwiritsitsa chabwino.

Munthuyo nde uyu. Analowa ufumu cha m'ma 559 BC, bambo ake anali Cambyses, agogo ake analinso Kurush, kutanthauza kuti naye anamutcha dzina la agogo monga timachitira kwathu kuno. Mu 550 BC anagonjetsa Amedi omwe mfumu yawo inali Astyages, kenako anakagwetsa Croesus wa ku Lydia, mfumu ija inkatchuka ndi chuma, dera lomwe pano ndi Turkey, nde mu 539 BC analowa mu Babulo. Anafa mu 530 BC. Herodotus, Mgiriki wolemba mbiri yakale, analemba kuti Astyages anali agogo ake akuchikazi, analota maloto oopsa okhudza mdzukuluyu nkulamula kuti khandalo liphedwe koma wotumidwayo analephera kupha, mwana nkukulira kwa m'busa wa ng'ombe mpaka anadzaululika ali ndi zaka khumi chifukwa pa masewera anzake anamusankha kukhala mfumu iye nkukwapula mwana wa nduna yemwe sankamvera. Imeneyo ndi nthano, itengeni ngati nthano.

Katchulidwe nenani kuti Ku-rosh, mukweze mawu kumapetoko. Makolo ake muziwamva akuti Kourosh jan kapena joon, kameneko ndi kamawu kachikondi ngati kunena kuti wapamtima, si dzina lachiwiri.

Bro_Gift265:
Eeh ine ndimafuna kuthandiza mwachidule inu mwabwera ndi silabasi yonse kkkk. Koma dzuwa likumvekabe bwino kwa agogo kusiyana ndi "wochititsa manyazi mdani" tavomerezani

CheAjusa_Mangochi:
Ndiyankhe mbali ya Chiarabuyo poti ndi yomwe ikuwadetsa nkhawa mayi. Dzinali si la Chiarabu ndipo si la Chisilamu, linalipo zaka zoposa 1,000 Mtumiki asanabadwe. Anthu ambiri kwathu kuno timangoti aliyense wa ku Middle East ndi Mwarabu, koma mukamuuza zimenezo munthu wa ku Iran akhoza kukhumudwa kwambiri. Iwo amalankhula Farsi, chomwe ndi Chiperisiya chija, amalemba ndi zilembo za Chiarabu inde koma chilankhulocho ndi china, mpaka anachita kuonjezera zilembo zinayi monga p ndi g ndi ch zomwe mu Chiarabu mulibe. Ku Iran mayina a anyamata ali mitundu iwiri ikuluikulu, pali achipembedzo ngati Mohammad, Ali, Hossein, Reza, nde pali akale a makolo awo ngati Kourosh, Dariush, Rostam, Sohrab, Siavash, Kaveh. Banja limodzi lomwelo mupeza wina ndi Ali mng'ono wake ndi Dariush, onse Asilamu, palibe vuto. Nde dzina lokha silikuuzani kuti alamu anu amapemphera kuti, afunseni okha.

Chinanso chosangalatsa, mu Qur'an Surah Al-Kahf muli mfumu yolungama yotchedwa Dhul-Qarnayn, mwini nyanga ziwiri, yomwe inayenda mpaka kolowera dzuwa ndi kotulukira dzuwa. Omasulira ambiri akale ankati ndi Alexander, mfumu yotchuka ya Agiriki ija, koma ma sheikh ena apambuyo pake monga Abul Kalam Azad wa ku India ndi Allamah Tabatabai wa ku Iran anaona kuti Koresi ndi amene akuyenera bwino. Sizogwirizanidwa ndi onse zimenezi, ine ndangoti mudziwe kuti kwathunso munthuyu amakambidwa.

Mai_aTadala_London:
Ine ndili konkuno ku UK ndipo kachinthu kamene a ku Iran amanyadira kwambiri ndinakaona ndi maso anga ku British Museum, amakatcha Cyrus Cylinder. Ndinapita ndikuyembekeza chimwala chachikulu koma ndi kadothi kootcha kooneka ngati chisononkho cha chimanga chonenepa, kutalika kwake sikafika ndi rula ya 30 cm yomwe, kolembedwa tizilembo tokhomakhoma mbali zonse. Anakafukula ku Babulo mu 1879 munthu wina dzina lake Hormuzd Rassam. Tsiku lomwe ndinapitalo panali banja la ku Iran, bambo atanyamula mwana paphewa kumuonetsa, kujambulitsa mpaka ife ena kudikira mpata.

Anthu amakonda kunena kuti ndi chikalata choyamba cha ufulu wachibadwidwe pa dziko lonse, ku likulu la UN ku New York kuli kofanizira kake komwe boma la Iran linapereka mu 1971. Koma ukawerenga kumasulira kwake ndi mfumu ikudzichemerera yokha monga mafumu onse, ikunyoza Nabonidus mfumu ya Babulo yemwe inamuchotsa, ikuti mulungu wa Ababulo Marduk ndi amene anaigwira dzanja nkuisankha. Zoti inabweza milungu ya anthu m'makachisi awo ndi kubwezera anthu kwawo zilimodi, koma Ayuda sanatchulidwe ndi dzina pamenepo. A Mkulu wa Mpingo musandikwiyire, sindikutsutsa Ezara, ndikungoti Ababulo ankati watumidwa ndi Marduk, Ayuda ankati watumidwa ndi Yehova, munthuyu ankadziwa kukhala ndi anthu amitundu.

Mkulu_waMpingo_Nkhoma:
Sindingakwiye mayi, Yesaya yemweyo ananena kale kuti Koresi sankamudziwa Yehova. Zikugwirizana.

Chidzukulu_chaHistory:
Ndabweranso pang'ono Bro Gift mupirire. Pali chinthu chomwe a NaPhiri chingakuthandizeni kumvetsa kunyada kwa alamu anu. Kwa zaka mazanamazana a ku Iran eni ake anali atamuiwala Kourosh. Mu Shahnameh, ndakatulo yaikulu ya mafumu yomwe Ferdowsi anamaliza mu 1010 ndipo ndi momwe mumachokera mayina aja a Rostam ndi Sohrab, dzina la Kourosh mulibe. Manda ake ali ku Pasargadae m'chigawo cha Fars, chigawo chomwecho muli Shiraz kwawo kwa alamu anu, koma anthu a m'deralo ankawatcha manda a amake a Solomo. Amene anasunga dzinali nthawi yonseyi ndi mabuku a Agiriki ndi Baibulo. Linadzabwerera mwamphamvu akatswiri atayamba kuwerenga zilembo zakale zija m'zaka za m'ma 1800, kenako mafumu a banja la Pahlavi analikweza zedi. Mu October 1971 Shah Mohammad Reza Pahlavi anachititsa chikondwerero cha zaka 2,500 za ufumu, anaitana atsogoleri a maiko ku Persepolis, mabwinja a likulu la mafumu akale a Perisiya, chakudya chochokera ku Paris, iye nkuima pa manda paja kumuuza Kourosh kuti gona mu mtendere ife tili maso. Sipanathe zaka zisanu ndi zitatu, mu January 1979 anathawa m'dzikomo.

Nde kuchokera pamenepo dzinali lili ndi kafungo ka ndale. Pali tsiku lomwe anthu amalitcha la Kourosh, kumapeto kwa October, siliri pa kalendala ya boma, mu 2016 kunasonkhana chinamtindi cha anthu ku mandako ndipo zaka zotsatira akuluakulu a boma akhala akutseka misewu yopita kumeneko pa tsikulo. Sikuti aliyense wotcha mwana wake Kourosh ndi wandale ayi, ena amangolikonda, koma kwa ambiri makamaka omwe ali kunja ndi njira yonenera kuti dziko lathu linalipo kalekale. Mudzamvanso ena akutchedwa Sirus, ndi dzina lomwelo lachita kuzungulira ku Ulaya nkubwerera kwawo. Komanso a Parsi a ku India, omwe makolo awo anachoka ku Perisiya ndi chipembedzo cha Zoroaster, amalikonda kwambiri dzina la Cyrus. Katemera wa Covid-19 wa AstraZeneca woyamba kufika kuno ku Malawi mu March 2021 uja anapangidwa ku Serum Institute of India, kampani yomwe anaiyambitsa ndi Cyrus Poonawalla.

NaPhiri_waKuDedza:
Zikomo nonse mwandipulumutsa. Dzulo madzulo ndinapita kwa mayi ndi Baibulo lawo lomwe lija lachikuto chong'ambika, ndinawatsegulira Ezara ndi Yesaya monga munanenera a Mkulu, anavala magalasi nkuwerenga okha mokweza kawiri. Atafika pa mbusa wanga paja anatseka buku nkuti "nanga osangonena kuti Koresi bwanji, kumachita kupotoza lilime." Za dzuwa ndi za Chielamu ndinayesa kufotokoza koma sanazilabadire nkomwe, akuti Mbusa basi. Tinawaimbira a ku Manchester, alamu atamva kuti mfumu yawo ili m'Baibulo la Chichewa anachita kupempha kuti ndijambule tsambalo ndiwatumizire akaonetse bambo awo ku Shiraz. Pano vuto latsala ndi lakuti mayi akuti iwonso monga agogo ali ndi dzina lawo loti amupatse mwanayu, asankha Madalitso, ndipo akufuna lilembedwe pa setifiketi osati lapakamwa chabe. Mai aTadala inu muli konko, mwana akalembetsedwa kale zimatheka kuonjezera dzina lapakati kapena tachedwa?